Mnyamata wa ku Wimbe ndi Filimu ya Ubwana Wake

Mafilimu ambiri amene amaonetsedwa kuno ku Chipata, ku Zambia, m'tinyumba ta vidiyo ta ku Nabvutika, kapena amene achinyamata amathirirana m'mafoni pamsika wa Kapata, ndi a nkhonya, a nkhondo ndi a chikondi cha ku Nigeria. Ena amabwera atamasuliridwa kale ndi anyamata a ku Malawi amene amalankhulira wosewera aliyense, mwamuna ndi mkazi yemwe. Koma ilipo filimu imodzi yopangidwa ndi ndalama zakunja, yoonetsedwa padziko lonse, imene agogo a ku Chipata angaionere popanda wowamasulira zambiri. Dzina lake ndi The Boy Who Harnessed the Wind, ndipo mbali yake yaikulu ili m'Chichewa. Inaonetsedwa koyamba pa chionetsero cha Sundance ku America mu Januwale 2019, kenako inayamba kupezeka pa Netflix pa 1 Malichi chaka chomwecho. Anailemba ndi kuitsogolera ndi Chiwetel Ejiofor, wosewera wa ku Britain amene makolo ake anachokera ku Nigeria.

Nkhani yake ndi ya William Kamkwamba, amene anabadwa mu 1987 ndi kukulira m'mudzi wa Masitala, kwa Wimbe, m'boma la Kasungu. Kwa munthu wa ku Chipata, Kasungu si kutali. Nkhalango ya nyama ya Kasungu imathera m'malire a Zambia, ndipo chimanga, fodya, mtedza, maliro ndi magule ndi zimodzimodzi mbali zonse ziwiri. Wotha kuona bwino filimuyi ndi munthu wa kuno, chifukwa amadziwa pamene yalondola ndi pamene yakometsera.

Njala ya 2002

Filimu yagawidwa zigawo zisanu zotsata moyo wa munda, kuyambira kufesa mpaka mphepo, ndipo chigawo cholimba kuposa zonse ndi cha njala. Ndikuona kuti apa ndi pamene Ejiofor anagwira ntchito ya wolemba mbiri.

Nyengo ya 2000 mpaka 2001 mvula inagwa yochuluka, minda inamira, fetereza anakokoloka, kenako kunachita ng'amba. Zokolola za chimanga m'Malawi zinatsika ndi pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu. Kutsika kotere kunachitikapo kale m'zaka zina anthu osafa choncho. Chinapha anthu ndi zimene zinachitikira nkhokwe za boma. M'nkhokwemo munali chimanga choposa matani 160,000, ndipo pofika pakati pa 2001 pafupifupi chonse chinali chitagulitsidwa. Bungwe la IMF linati linalangiza boma kugulitsako gawo lina kuti libweze ngongole, osati kusesa nkhokwe yonse. Chimanga china chinapita kunja, china chinagulidwa ndi amalonda amene anachisunga kudikira mtengo ukwere. Nthawi yomweyo ndondomeko ya Starter Pack, yogawira alimi mbewu ndi fetereza, imene inayamba mu 1998, inali itachepetsedwa. Mtengo wa chimanga unakwera kangapo m'miyezi yochepa. Pulezidenti Bakili Muluzi analengeza za ngozi yadzidzidzi kumapeto kwa Febuluwale 2002, anthu atayamba kale kuikidwa m'manda. Boma linati anafa ndi mazana angapo, pamene mabungwe ena anati anapitirira 1,000.

Zonsezi filimu siikuzifotokoza ndi manambala. Ikuonetsa William atatumidwa kukagula chimanga ku ADMARC ndi ndalama zomaliza za banja, anthu akupondana pachipata, chimanga chikutha mzere usanathe. Ikuonetsa mfumu Wimbe ikuimirira pamsonkhano wa ndale, pamaso pa pulezidenti, kupempha kuti boma likonzekere njala, ndipo ikangotsika pansanja anyamata achitetezo akuitengera kuseri ndi kuimenya. Buku limene Kamkwamba analemba ndi Bryan Mealer mu 2009 limasimbanso za kumenyedwa kumeneku.

Koma chithunzi chimene sichichoka m'mutu ndi cha banja litakhala pamkeka, bambo akufunsa kuti pa chakudya chimodzi chimene chatsala pa tsiku, asankhe cha nthawi iti. Aliyense amene anadutsa mu 2002 akudziwa funso limenelo. Akudziwa mtanda umodzi wa nsima pakati pa anthu ambiri, ndi mmene maso a mayi amawerengera mbamu za ana osaonetsera. Akudziwa gaga amene kale ankapatsa nkhumba akugulitsidwa pamsika, amuna akuyenda mtunda wautali kufuna ganyu wa mbale ya ufa, mbuzi zikupita pa mtengo wa nkhuku, timapepala ta ufa wophika kamodzi timene ku Malawi amati walkman ndipo ku Zambia amati pamela. Mbali ya Zambia nayo inali pamoto chaka chimenecho. Pulezidenti Levy Mwanawasa analengeza za ngozi ya njala, ndipo dziko lonse lapansi linamva za Zambia pamene anakana chimanga chathandizo chosinthidwa chibadwa chake. Ana obadwa pambuyo pake amamva nkhanizi kwa akuluakulu ngati nthano. Filimu imawapatsa nkhope.

Palinso galu, Khamba, amene ankatsata William kulikonse. Pakhomo posowa ndi makoko omwe a m'poto, galuyo anafooka mpaka kufa. Mwana amene sangamvetse za IMF ndi nkhokwe za boma amamvetsa za galu.

Fizi, laibulale ndi dzala la zitsulo

William anasankhidwa kupita ku sekondale ya Kachokolo, sukulu yoyendera ya m'dera lawo. Fizi inali pafupifupi madola 80 a ku America pa chaka. Bambo ake a Trywell analibe ndalamazo, ndipo mwanayo anathamangitsidwa. Maphunziro aulere amene Malawi anayamba mu 1994 anali a pulayimale okha. Ku Zambia nako pulayimale inakhala yaulere mu 2002, koma fizi ya sekondale inachotsedwa mu Januwale 2022. Pakati pa zaka zimenezo, ana angati a m'Nabvutika, Mchini ndi Magazine anabwerera pakhomo ndi yunifolomu yatsopano chifukwa cha vuto lomwelo la William?

Chimene chinamusiyanitsa ndi ana enawo ndi kachipinda ka mabuku pa sukulu ya pulayimale ya Wimbe. Munali mashelefu ochepa a mabuku ochokera ku America, ndi mayi woyang'anira, a Edith Sikelo, amene ankamulola kubwereka. Chingerezi chake chinali chochepa, choncho ankadalira zithunzi. Amaona chojambula, n'kufufuza mawu ofotokoza chojambulacho, n'kufunsa tanthauzo lake. Buku lina, Explaining Physics, linamuonetsa mmene maginito ndi waya zimapangira magetsi. Lina, Using Energy, linali ndi chithunzi cha makina oyendera mphepo pachikuto. Bukulo silinanene kapangidwe kake. Linangomuonetsa kuti chinthu chotere chilipo.

Kapangidweko anakapeza kudzala la zitsulo la esiteti yakale ya fodya pafupi ndi sukulu imene inamuthamangitsa. Anatola fani ya thirakitala, mapaipi a pulasitiki ndi zitsulo zina zadzimbiri. Mapaipiwo ankawang'amba m'litali, n'kuwawamba pamoto mpaka afewe, n'kuwapsinja kuti akhale afulati ngati mapiko. Analibe chobowolera, choncho anasomeka msomali pachitsononkho, n'kumautentha pamoto mpaka ufiire. Zotsekera mabotolo anazisula n'kuzibowola kuti zikhale mawashala. Anzake akusukulu ankamuona pawindo akufukula zinyalala, ndipo m'mudzi munamveka kuti mwana wa a Kamkwamba wachita misala kapena wayamba chamba.

Makinawo ankagwira ntchito motere. Mphepo ikawomba mapiko, mapikowo amazungulitsa chitsulo cholumikizidwa pamene pamakhala zopalasira njinga. Tcheni chimakoka gudumu lakumbuyo, tayala limakhuza kamutu ka dayinamo, ndipo m'kati mwa dayinamomo maginito amazungulira pakati pa waya wokulungidwa. Kuzungulira kumeneko ndiko kumatulutsa magetsi. Aliyense amene anapalasapo njinga ya nyale usiku wagwiritsapo nzeru imeneyi, kungoti m'malo mwa miyendo William anaikapo mphepo. Zonsezi anazikweza pansanja ya mitengo ya bulugama yotalika pafupifupi mamita 5, mothandizidwa ndi msuweni wake Geoffrey ndi mnzake Gilbert, mwana wa mfumu. Munali mu 2002, iye ali ndi zaka 14. Babu linayaka m'manja mwake anthu akuonerera. Pambuyo pake anakoka waya kulowetsa m'nyumba, anapanga maswitchi ndi mphira wa patapata, anapanganso chodulira magetsi pogwiritsa misomali ndi maginito kuti denga la udzu lisapse.

Mufilimu, mkangano waukulu wa bambo ndi mwana uli pa njinga. William akuipempha kuti aidule, bambo akukana mwaukali, akumuuza kuti aiwale zoseweretsa agwire khasu. Woonera wa ku London angaone ngati bamboyo ndi wouma mutu. Wa ku Chipata sangatero. Tauni ino ndi ya njinga, moti fakitale ya njinga ya Luangwa inali konkuno, ndipo mpaka lero njinga imanyamula makala, matumba a chimanga, odwala ndi apaulendo olipira. Munthu amene nkhokwe yake yauma, mwana n'kumuuza kuti apereke chuma chake chomaliza achicheke ndi sowo chifukwa cha chithunzi cha m'buku, ali ndi chifukwa chokanira. Ejiofor, amene akusewera yekha ngati a Trywell, sanawasandutse chitsiru. Anawaonetsa ngati mlimi wolimbikira amene wachita zonse zimene makolo ake anamuphunzitsa, koma nthaka ndi boma zamugwiritsa mwala.

Pamene filimu yakometsera

Kumapeto kwa filimu, makinawo akuyendetsa pampu, madzi akutuluka m'chitsime, akuyenda m'ngalande, mbewu zikumera m'chilimwe, mudzi wapulumuka. Zinthu sizinayende choncho. Makina a 2002 anayatsa mababu ndi wailesi pakhomo pa a Kamkwamba, ndipo kenako anthu ankabwera kudzatchaja mafoni. Njala inatha chifukwa chimanga chinacha m'munda ndiponso thandizo linafika. Madzi othirira anali loto la William kuchokera pachiyambi, koma anatheka patapita zaka, atapeza anthu omuthandiza ndi ndalama ndi zipangizo. Dayinamo, malinga ndi buku, anamugulira ndi Gilbert, pamene filimu ikuipereka kudzera mwa mlongo wake Annie ndi mphunzitsi amene anathawa naye. Njinga ya bambo nayo inali yakufa kale, yotsamira pakhoma.

Kodi zili ndi kanthu? Wopanga filimu ali ndi maola awiri okha, ndipo woonera amene wapirira njala yonseyo amafuna kuona madzi. Zimenezo n'zomveka. Koma kusinthaku kuli ndi mtengo wake. Kumasiya maganizo akuti njala yobwera chifukwa cha kugulitsidwa kwa chimanga cha dziko ingathetsedwe ndi mwana mmodzi wochenjera, ndipo amene anasesa nkhokwe amazimirira m'chimwemwe cha madzi. Kumabisanso zimene zinachitikira mwanayo babu litayaka. Anabwerera kumunda. Zaka zinayi zinadutsa ali pakhomo, makina akuzungulira pamwamba pa nyumba, iye osabwerera m'kalasi. Mvula itavutanso, ena m'mudzi ananena kuti chinsanja chakecho ndi cha ufiti, chikuthamangitsa mitambo. Kwa ine, zaka zinayi zimenezo n'zofunika kuzidziwa kuposa tsiku limene babu linayaka, chifukwa ndi m'mene muli ana ambiri aluso a m'madera athu.

Mnyamata wa nkhuni wa ku Japan

Vuto limeneli si la Malawi yekha. Dziko lililonse likafuna kuphunzitsa ana ake limatenga ubwana wa munthu wotchuka n'kuusema mpaka utsale chithunzi chimodzi. Ku Japan chithunzicho ndi cha Ninomiya Kinjiro, amene atakula ankadziwika kuti Ninomiya Sontoku. Anabadwa mu 1787 pafupi ndi Odawara. Ali wamng'ono mtsinje wa Sakawa unasefukira n'kuwononga minda ya kwawo. Bambo ake anamwalira mu 1800, mayi ake mu 1802, ndipo iye anakakhala kwa mbale wa bambo ake. Amasimba kuti mbaleyo ankamukalipira chifukwa chotha mafuta a nyale powerenga usiku, choncho mnyamatayo anadzala mbewu ya mafuta pamalo opanda mwini kuti apeze mafuta akeake.

M'zaka za m'ma 1930, sukulu zambiri za pulayimale ku Japan zinali ndi chiboliboli cha mnyamatayu atabereka mtolo wa nkhuni, buku lili m'manja, akuwerenga akuyenda. Nkhope yake inaikidwanso pa ndalama yapepala ya yeni imodzi mu 1946, ndipo mu 2019, chaka chomwe cha filimu ya Kamkwamba, ku Japan kunatuluka filimu ya moyo wake. Akatswiri ena a mbiri amakayikira ngati anawerengadi akuyenda ndi nkhuni, chifukwa nkhaniyo inafala kudzera m'zolemba za wophunzira wake.

Ntchito imene anagwira atakula ndi yaikulu kuposa chibolibolicho. Anadzutsa midzi imene inagwa ndi ngongole ndi misonkho, kuyambira ku Sakuramachi. Ankayamba ndi kufufuza zokolola za mudzi za zaka zambiri zapitazo, kenako n'kuikira malire pa zimene mwini dera angatenge kwa alimi, kuti zotsala zibwerere m'ngalande, m'minda ndi m'nkhokwe. Anayambitsa magulu obwereketsana ndalama odalira kukhulupirirana, ofanana m'njira zina ndi mabanki a m'mudzi amene amayi athu amasonkhana lero. Njala yaikulu ya m'zaka za m'ma 1830 itafika, midzi yake inali itadzala mapira ndi kusunga chakudya. Anamwalira mu 1856. Mwana wa sukulu woyang'ana chiboliboli ankaphunzira kuti alimbikire ndi kumvera. Za munthu wamkulu amene ankauza olamulira kuti achepetse kudya kwawo, chiboliboli sichinkanena.

Filimu ya Ejiofor ili bwinoko pamenepa. Ngakhale yakometsera mathero, yasiya mfumu yomenyedwa, mzere wa ku ADMARC ndi chipata cha sukulu chotsekedwa kuti tizione.

Chichewa chake ndi gule

Amalawi ambiri ataionera anadandaula ndi kalankhulidwe. William akuseweredwa ndi Maxwell Simba wa ku Kenya, mayi ake a Agnes ndi Aïssa Maïga amene anabadwira ku Senegal n'kukulira ku France, ndipo mfumu ndi Joseph Marcell wa ku Britain. Anachiphunzira Chichewa chifukwa cha filimuyi, ndipo zikumveka. Mawu amakwera posayenera, ena amamezedwa, moti nthawi zina mwini chinenero amachita kutchera khutu. Akalankhula Lily Banda, Mmalawi amene akusewera ngati Annie, kapena Philbert Falakeza amene ndi Gilbert, khutu limapumula. Dandauloli ndi loona, ndipo funso loti bwanji sanatenge Amalawi ambiri pa maudindo akuluakulu ndi loyenera kufunsa. Komabe njira yapafupi inalipo, yoti onse alankhule Chingerezi monga amachitira mafilimu ambiri onena za Africa. Ejiofor anaikana, anakajambula ku Kasungu komweko, ndipo anthu a m'maiko ambiri anamva Chichewa koyamba m'nyumba zawo. Britain inaisankha kukhala filimu yake yopikisana pa mphoto ya Oscar m'gulu la mafilimu a zinenero zina.

Gule Wamkulu akuoneka pamaliro kuchiyambi, ndipo akubweranso nkhani ikupita kumapeto. Sanaikidwe ngati chokongoletsa cha alendo kapena choopseza. Ali pamalo pake, pamene munthu akuperekezedwa. Amene amapita ku Kulamba ku Mkaika, ku Katete, kumene Achewa a Zambia, Malawi ndi Mozambique amasonkhana kwa Kalonga Gawa Undi mwezi wa Ogasiti, adzazindikira kuti opanga filimu anafunsa eni ake. UNESCO inazindikira guleyu mu 2005 ngati chuma cha anthu onse, m'dzina la maiko atatuwo.

Zimene zinatsatira

Chakumapeto kwa 2006, akuluakulu a ndondomeko imene inabweretsa mabuku aja anabwera kudzayendera laibulale ya Wimbe n'kuona chinsanja chikuzungulira. Mmodzi wa iwo, Dr. Hartford Mchazime, anabweranso ndi atolankhani. Nyuzipepala ya Daily Times inalemba nkhaniyo, ena anaifalitsa pa intaneti, ndipo mu Juni 2007 William anaitanidwa ku msonkhano wa TED ku Arusha, m'dziko la Tanzania. Anali asanakwerepo ndege. Anthu a pamsonkhanowo anasonkha ndalama za maphunziro ake. Anaphunzira ku Lilongwe, kenako ku African Leadership Academy ku Johannesburg, n'kumaliza digiri ku Dartmouth College ku America mu 2014, patapita zaka 12 chiyakireni babu lija. Bungwe la Moving Windmills, limene anathandiza kuyambitsa mu 2008, lakhala likugwira ntchito ku Kasungu pa zitsime, magetsi a dzuwa ndi makalasi a sukulu ya Wimbe.

Mu 2024 chilala chinabweranso. Pulezidenti wa Zambia, Hakainde Hichilema, analengeza za ngozi pa 29 Febuluwale, ndipo mnzake wa ku Malawi, Lazarus Chakwera, anachita chimodzimodzi mu Malichi m'maboma 23 mwa 28. Madzi a ku Kariba anatsika kwambiri moti magetsi ankazima pafupifupi tsiku lonse, ndipo ometa, owotcherera zitsulo ndi a zigayo m'makomboni a Chipata ankagwira ntchito pakati pa usiku magetsi akabwera. Anyamata okonza mafoni ndi mawailesi m'misika anapeza ntchito yatsopano yolumikiza mapanelo a sola, mabatire ndi mainiveta, ambiri a iwo ataphunzira poonera mavidiyo pa foni. Mphepo ya kuno imawomba mwamphamvu kuyambira Julayi mpaka Okutobala, miyezi yomwe madimba amafuna madzi, koma mtengo wa sola watsika kwambiri moti alimi ambiri othirira akusankha pampu ya dzuwa.